Mmene Mungasakire Neith, Mwezi wa Venus Umene Kulibe

Kuyambira mu 1645 mpaka mu 1768, akatswiri a zakuthambo a ku Ulaya analemba mobwerezabwereza kuti aona kamwezi pambali pa pulaneti ya Venus. Woyamba anali Francesco Fontana wa ku Naples. Giovanni Cassini wa ku Paris, munthu amene anatulukira miyezi inayi yeniyeni ya Saturn, anakaona mu 1672, n'kudzakaonanso mu 1686. James Short, mmisiri wodziwika wopanga matelesikopu, anakaona mu 1740. Mu 1761 malipoti anachita kuwunjikana, ochokera ku Limoges, ku Marseille ndi ku Copenhagen. Panapezeka wowerengera njira imene kamweziko kamayendamo, ndipo patapita zaka kanapatsidwa dzina loti Neith.

Koma kamweziko kulibe. Venus ndi Mercury ndi mapulaneti awiri amene alibe mwezi ngakhale umodzi. Anthu aja sanali abodza, ndipo sanali mbuli. Anaonadi kanthu, ndipo zimene zinawasokoneza mukhoza kuziona nanunso muli pakhonde panu. N'chifukwa chake ndikuona kuti kusaka Neith ndi phunziro labwino koposa kwa munthu amene wangoyamba kuyang'ana kuthambo, kaya mphunzitsi amene akufuna kuti ana asamangoloweza mayina a mapulaneti.

Mufunika ma binoculars (magalasi a maso awiri oonera zinthu zakutali), makamaka olembedwa 10x50, kapena telesikopu yaing'ono ngati ilipo. Mufunikanso kope, pensulo, ndi foni yokhala ndi pulogalamu yosonyeza malo a nyenyezi, monga Stellarium. Lamulo limodzi lokha musaliphwanye: musaloze ma binoculars kapena telesikopu kumene kuli dzuwa. Venus imakhala chapafupi ndi dzuwa nthawi zonse, ndipo kuphonya pang'ono kukhoza kuwotcha diso mpaka kalekale. Dikirani dzuwa lilowe, ndipo ngati mukuona m'mawa, longedzani zida lisanatuluke.

1. Pezani Venus

Apa palibe chovuta. Kupatula dzuwa ndi mwezi, palibe chinthu china chokhazikika kuthambo chimene chimawala kuposa Venus. Imaoneka kumadzulo dzuwa likangolowa, kapena kum'mawa m'bandakucha, pamene timaitchula kuti Nthanda. Siipezeka pamutu pakati pa usiku, chifukwa siitalikirana ndi dzuwa kupitirira madigiri 47. Mukatambasula mkono n'kukunga chibakera, chibakeracho chimaphimba madigiri pafupifupi 10 a thambo, ndiye kuti Venus siipitirira zibakera zisanu kuchokera pamene pali dzuwa. Kuwala kwake n'kodekha, sikuphethira ngati kwa nyenyezi.

Imakhala miyezi ingapo ikuoneka madzulo, kenako imasowa masiku ochepa, n'kutulukira m'mawa kwa miyezi inanso, n'kusowanso kwa milungu ingapo ili kuseri kwa dzuwa. Ulendo wonsewo umatenga masiku 584. Pulogalamu ya pafoni ikuuzani ngati panopa ndi nthawi ya madzulo kapena ya m'mawa. Kwathu kuno thambo limayera bwino kuyambira mu Meyi mpaka mu Ogasiti. Likafika dzinja mitambo imatchinga, ndipo mu Seputembala ndi Okutobala utsi wa moto wolusa ndi fumbi zimadetsa m'munsi mwa thambo. Amene muli ku Johannesburg kapena ku London musadandaule ndi magetsi a mumzinda, Venus imawapambana.

Akuluakulu akale a Chinyanja ankati mwezi uli ndi akazi awiri. Wa kumadzulo, Puikani, amaudyetsa bwino, n'chifukwa chake ukaoneka kumadzulo uli wowonda umayamba kunenepa. Wa kum'mawa, Chekechani, amaumana chakudya, ndiye ukamayandikira kwa iye umaonda mpaka kutha. Nthano imeneyi musaipeputse. Amene anaipeka anali ataona bwino lomwe kuti mwezi wongokhala kumene umapezeka kumadzulo pamene pamakhala nyenyezi yowala ya madzulo, ndipo mwezi wotsala pang'ono kufa umapezeka kum'mawa pamene pamakhala Nthanda. Chimene maso paokha sakanawauza msanga n'choti akazi awiriwo ndi mmodzi, Venus yemweyo.

2. Phunzirani kaye mwezi weniweni pa Jupiter

Musayambe kusaka chinthu chimene simudziwa maonekedwe ake. Usiku wina, lozani ma binoculars pa Jupiter. Tsamiritsani zigongono patebulo kapena pakhoma, chifukwa manja akamanjenjemera simuona kanthu. Pambali pa pulanetiyo muona timadontho tiwiri, titatu kapena tinayi, titandanda pamzere umodzi. Imeneyo ndi miyezi imene Galileo anaona mu 1610: Io, Europa, Ganymede ndi Callisto.

Jambulani m'kope mmene yakhalira, mawa lake jambulaninso, mkuja chimodzimodzi. Io imazungulira Jupiter m'masiku osakwana awiri, Callisto imatenga pafupifupi 17. Malo ake amasinthasintha, koma miyeziyo siisiyana ndi Jupiter, ndipo aliyense wokhala ndi ma binoculars amaiona pamalo omwewo pa nthawi yomweyo. Sungani zizindikiro zitatu zimenezi: mwezi weniweni umayenda limodzi ndi pulaneti yake, umaoneka kwa aliyense, ndipo umapezeka pamene masamu anenera kuti upezeka.

3. Yang'anani Venus kukadali chisisira

Ambiri amadikira kuti kude bii. Pa Venus kutero n'kudzisokoneza, chifukwa mumdima wandiweyani kuwala kwake kumachita kuthobwa m'maso ndipo kumamwazika m'magalasi. Yambani mphindi 20 kapena 30 dzuwa litalowa, thambo likadali lobiriwira. Pa telesikopu muona kuti Venus si yobulungira nthawi zonse. Nthawi zina imakhala theka, nthawi zina imawonda ngati mwezi wongokhala kumene, ndipo ikawonda kwambiri m'pamene imaoneka yaikulu chifukwa yatiyandikira. Pa nthawi yoteroyo ngakhale ma binoculars ogwidwa bwino amasonyeza kupindika kwake.

Lembani tsiku, nthawi, malo ndi chida chimene mwagwiritsa ntchito. Jambulani Venus ndi kadontho kalikonse kamene kali pafupi nayo, kaya kakhale kozimiririka bwanji. Kenako dikirani kude ndithu, muyang'anenso. Mwayi ulipo waukulu woti tsiku lina muona kanthu pambali pake, ndipo mtima udzagunda. Apa m'pamene ntchito yeniyeni ikuyambira.

4. Yesani ngati kadonthoko n'kochokera m'magalasi kapena m'diso lanu

Gawo ili ndi limene lifunika kuleza mtima, ndipo ndi limene linagwetsa anthu otchuka.

Musanatuluke panja, chitani izi m'nyumba usiku. Yatsani kandulo kapena tochi ya foni, imani patsogolo pa zenera la galasi chapambali pang'ono, ndipo yang'anitsitsani chithunzi cha lawilo m'galasimo. Muona malawi awiri, lina lowala, lina lofooka pambali pake. Galasi lili ndi nkhope ziwiri, yakutsogolo ndi yakumbuyo, ndipo iliyonse imabweza kuwala pang'ono. M'telesikopu muli magalasi angapo, lililonse ndi nkhope zake ziwiri. Kuwala kwa nyenyezi wamba kukabwezedwa motero sikuoneka chifukwa n'kochepa, koma Venus imawala kwambiri moti ngakhale kachigawo kakang'ono kamene kabwezedwa kamaoneka ngati kadontho kapadera.

M'zaka za m'ma 1760, Maximilian Hell, mkulu wa malo oonera zakuthambo ku Vienna, anafotokoza njira inanso. Kuwala kwa Venus kumafika padiso la munthu, diso lonyowalo limabweza kuwala kwina kupita pa kagalasi koikapo diso, kagalasiko n'kukubwezanso m'diso. Munthu amaona Venus ziwiri, yaikulu ndi yaing'ono. Hell ankatha kukatulutsa kamweziko pamene wafunira mwa kungosintha pamene waika diso.

Chimene chinkanyenga kwambiri ndi ichi. Cassini ndi ena anaona kuti kamweziko kali ndi maonekedwe ofanana ndendende ndi a Venus: Venus ikakhala theka, nakonso theka. Iwo anatenga zimenezi ngati umboni, ndipo maganizo awo sanali opusa, chifukwa mwezi weniweni wa Venus ukanawalitsidwa ndi dzuwa lomwelo kuchokera mbali yomweyo, ndiye ukanaonekadi chimodzimodzi. Vuto n'loti chithunzi chobwezedwa ndi galasi nacho chimatengera maonekedwe a mwini wake. Choncho kufanana kwa maonekedwe sikungakuuzeni kanthu. Chimene chingakuuzeni ndi kayendedwe.

Sunthani diso pang'ono kumanja, kumanzere, m'mwamba ndi m'munsi, chida chili pamalo amodzi. Kadontho kakamasuntha pamene Venus ili chiimire, n'kochokera m'diso. Kenako sunthani chidacho pang'onopang'ono kuti Venus ichoke pakati ipite m'mphepete mwa bwalo limene mukuonalo. Chinthu chenicheni chakuthambo chimatsatira Venus, mtunda wapakati pawo osasintha. Chithunzi cha m'magalasi chimatalikira kapena kuyandikira, ndipo kawirikawiri chimathawira mbali yosiyana ndi kumene Venus yalowera. Pitirizani kusuntha mpaka Venus itulukiretu m'bwalomo: kadontho kakazima nthawi yomweyo, yankho mwalipeza. Ngati muli ndi telesikopu, zungulizani kagalasi koikapo diso muli chiyang'anire, kenako kasintheni ndi kena. Kadontho kozungulira limodzi ndi kagalasi, kapena kosowa mukasintha kagalasi, sikali kuthambo.

Ma binoculars ali ndi vuto lawolawo. Amene anagwapo pansi, kapena otchipa kwambiri a pamsika, nthawi zambiri mbali zake ziwiri siziloza pamalo amodzi, ndipo amasonyeza Venus ziwiri zowala mofanana. Tsinzinani diso limodzi. Ikatsala imodzi, vuto ndi chidacho. Ndipo musayang'ane muli m'nyumba kudzera pazenera lotseka, makamaka mazenera a magalasi awiri ofala m'mayiko ozizira.

Foni ndiye imanyenga anthu ambiri masiku ano. Jambulani Venus kapena mwezi usiku, ndipo kawirikawiri pachithunzipo papezeka kadontho kobiriwira kapena kotuwa. Onani pamene kali. Chowalacho chikakhala kumtunda chakumanja, kadonthoko kamakhala kumunsi chakumanzere, mtunda wofanana kuchokera pakati pa chithunzi. Pendeketsani foni mujambulenso, muona katasamuka. Zithunzi zambiri zoyenda pa WhatsApp ndi Facebook zonena kuti kwaoneka mwezi wachiwiri zimathera pa mayeso amenewa.

5. Yesani ngati ndi nyenyezi yakutali

Tinene kuti kadonthoko kapambana mayeso onse a magalasi. Ndiye kuti kalidi kuthambo, koma sizikutanthauza kuti kali pafupi ndi Venus. Kakhoza kukhala nyenyezi yakutali zedi imene yangopezeka kumbuyo kwake.

Ngati kakuyenda moonekeratu m'masekondi kapena mphindi zochepa, ndi ndege kapena setilaiti, ndipo za iko iwalani. Ngati kaima, kajambuleni m'kope mosamala n'kubwereranso mawa nthawi yomweyo. Masiku ambiri Venus imasuntha pafupifupi digiri imodzi patsiku poyerekeza ndi nyenyezi zakumbuyo, mtunda wokwana miyezi yathunthu iwiri yogundizana. Nyenyezi imasiyidwa m'mbuyo, mwezi weniweni sukanasiyidwa. Samalani ndi masiku ochepa amene Venus imaoneka ngati yaima isanayambe kubwerera m'mbuyo, ndiponso ikamaliza kubwererako. Zimenezi zimachitika pafupifupi milungu itatu isanadutse pakati pa ife ndi dzuwa, komanso milungu itatu itadutsa. Pa masiku amenewo nyenyezi ikhoza kukhala pambali pake usiku ungapo wotsatizana.

Tsegulani pulogalamu ya pafoni, kulitsani pamene pali Venus, muone ngati pali nyenyezi pamalo amene mwajambulawo. Nthawi zina mupeza kuti ndi Uranus kapena Neptune, chifukwa Venus imadutsanso pafupi ndi mapulaneti amenewa.

Mu 1887, Paul Stroobant wa ku Belgium anachita ntchito yomweyi popanda foni. Anatenga malipoti akale aja limodzilimodzi, n'kuwerengera pamene Venus inali pa tsiku lililonse, n'kuyerekeza ndi mndandanda wa nyenyezi. Ambiri mwa malipotiwo anapezeka kuti anali nyenyezi wamba. Mukhoza kubwereza kafukufuku wake mmodzi. Mu Stellarium, sankhani malo a Copenhagen, bwezani tsiku lifike kumayambiriro kwa Januwale 1768, nthawi ya m'bandakucha, ndipo yendetsani masiku limodzilimodzi mukuyang'ana Venus. Muiona ikudutsa pafupi ndi nyenyezi yotchedwa Theta Librae. Imeneyo ndiyo imene Christian Horrebow, katswiri wa zakuthambo wa ku Copenhagen, analemba kuti ndi mwezi wa Venus. Kuona zimenezi ndi maso anu pafoni kumakhutiritsa kuposa kungouzidwa, ndipo m'kalasi ana amachita kulimbirana foniyo.

6. Itanani munthu wina, ndipo lembaninso masiku amene simunaone kanthu

Mnzanu ayang'ane ndi chida chake, makamaka ali kwina, inu osamuuza mbali imene kadonthoko kali. Ajambule yekha, kenako muyerekeze zojambulazo. Munthu akauzidwiratu pamene ayenera kuyang'ana, diso limamuthandiza kuona chimene akuyembekezera.

M'kope mwanu lembaninso usiku uliwonse umene munayang'ana osaona kanthu. Apa m'pamene nkhani ya Neith inapotokera kwambiri. Amene anaona kanthu ankalemba makalata n'kufalitsa, pamene usiku wambirimbiri umene akatswiri anayang'ana Venus osaona chilichonse sunkawerengedwa mofanana. Pa 6 Juni 1761, ndiponso mu Juni 1769, Venus inadutsa pamaso pa dzuwa ikuoneka ngati kadontho kakuda, ndipo akatswiri m'mayiko ambiri anali tcheru kudikira kadontho kachiwiri kotsatira. Pafupifupi onse sanakaone.

7. Funsani masamu

Cassini anayerekeza kuti kukula kwa kamweziko kunali gawo limodzi mwa magawo anayi a Venus. Venus ndi yotambalala makilomita 12,104, ndiye kamweziko kakanakhala ka makilomita pafupifupi 3,000, kucheperako pang'ono mwezi wathuwu umene uli ndi makilomita 3,474. Tsopano kumbukirani zimene munaona pa gawo lachiwiri. Miyezi ya Jupiter munaiona ndi ma binoculars ili pamtunda wa makilomita pafupifupi 600 miliyoni kapena kuposa, pamene Venus imatiyandikira mpaka makilomita pafupifupi 40 miliyoni ndipo ili kufupi ndi dzuwa kumene kuwala n'kwamphamvu. Mwezi waukulu choncho sukanamasowa kwa zaka makumi angapo n'kuonekera munthu mmodzi m'mawa umodzi.

Panali oyesa kuupulumutsa. Johann Heinrich Lambert anasonkhanitsa malipoti n'kuwerengera kuti mweziwo umazungulira Venus m'masiku 11 ndi maola 5, koma kuti masamu akewo atheke pankafunika kuti Venus ikhale yolemera kwambiri kuposa mmene ilili. Mu 1884, Jean-Charles Houzeau wa ku Brussels anabwera ndi ganizo lina, loti chinthucho si mwezi koma pulaneti yaing'ono yozungulira dzuwa m'masiku 283, imene imakumana ndi Venus pakapita pafupifupi zaka zitatu zilizonse. Iyeyu ndiye anapereka dzina la Neith, mulungu wamkazi wa Aigupto akale amene ankapembedzedwa mumzinda wa Sais, ndipo ankanenedwa kuti palibe munthu amene anavundukulapo nsalu yomuphimba. Dzinalo linali lokoma ndipo linathandiza kuti nkhaniyi isaiwalike. Koma pulanetiyo sinapezeke pa nthawi zimene masamu a Houzeau ankalozera, ndipo patangopita zaka zitatu Stroobant anatulutsa zotsatira zake.

Inunso chitani chimodzimodzi ndi kadontho kanu. Ngati mwakaona masiku atatu, nenani pamene kapezeke tsiku lachinayi, lembani, kenako kayang'aneni.

Kuyambira pamene chombo cha mumlengalenga chotchedwa Mariner 2 chinadutsa pafupi ndi Venus mu 1962, zombo zambiri zapitako: Venera 7 inatera pamenepo mu 1970, Magellan inazungulira kuyambira mu 1990 mpaka mu 1994, ndipo Akatsuki ya ku Japan inayamba kuzungulira mu 2015. Palibe chimene chinapeza mwezi. Mu 2009, Scott Sheppard ndi Chad Trujillo anafalitsa zotsatira za kusaka kwawo ndi telesikopu yaikulu, ndipo sanapeze ngakhale kamwezi kotambalala kilomita imodzi.

8. Mukamva za Zoozve, kapena kadontho kanu kakapambana mayeso onse

Mukhoza kukumana ndi nkhani pa intaneti yoti Venus ili ndi mwezi wotchedwa Zoozve. Chinthucho chilipodi. Ndi thanthwe la mamita mazana ochepa limene Brian Skiff anatulukira mu 2002 ku malo oonera zakuthambo a Lowell Observatory ku America, ndipo poyamba linkangodziwika kuti 2002 VE68 mpaka linapatsidwa dzinali mu 2024. Koma limazungulira dzuwa, osati Venus. Chaka chake n'chofanana ndi cha Venus, masiku pafupifupi 225, n'chifukwa chake limaoneka ngati likuiperekeza. N'lofooka kwambiri moti Cassini sakanaliona, ndipo inunso simungalione ndi ma binoculars.

Ngati kadontho kanu sikasuntha ndi diso, sikasintha ndi magalasi, kulibe pa pulogalamu ya pafoni, ndipo mnzanu wakajambula pamalo omwewo osauzidwa, musathamangire kukalengeza pa Facebook. Lembani nthawi yeniyeni mpaka mphindi, malo amene munaima, mtundu wa chida, mbali imene kadonthoko kali ndi mtunda wake kuchokera pa Venus, komanso kuwala kwake poyerekeza ndi nyenyezi yapafupi imene mukuidziwa dzina. Onjezani zojambula za masiku onse, kuphatikizapo masiku amene sikanaoneke. Tumizani zonsezo ku bungwe la anthu oonera zakuthambo, monga Astronomical Society of Southern Africa kapena British Astronomical Association, ndipo apempheni kuti ayang'ane pamalopo ndi zida zawo usiku wotsatira.